Galu wa m'filimu ndi galu wa pakhomo pathu

Galu wodikira sitima

Pa Nkaya, pomwe njanji yochokera ku Limbe imakumana ndi yopita ku Nacala, kudikira sitima si kwachilendo. N'chifukwa chake filimu ya Hachi: A Dog's Tale ya mu 2009, momwe muli Richard Gere, ingawafike pamtima anthu a kuno. Gwero lake ndi nkhani yoona ya ku Japan. Galu wotchedwa Hachiko ankachingamira mbuye wake, Pulofesa Ueno, pa siteshoni ya Shibuya mumzinda wa Tokyo. Bamboyo anamwalira ali kuntchito mu 1925, koma galuyo anapitirizabe kubwera pa siteshonipo mpaka imfa yake mu 1935.

Galu wotonthoza wofedwa

Okonda mafilimu a nkhondo amamudziwa John Wick wa mu 2014. Mkwiyo wake wonse unabuka zigawenga zitamuphera kagalu komwe malemu mkazi wake anamusiyira. Kagaluko ndiko kankamupukuta misozi pa umasiye wake.

Chikondi chosanduka mantha

Filimu ya Old Yeller ya mu 1957 ndiyo ikutikhudza kwambiri. Galu anateteza banja ku chilombo chachiwewe, iye n'kulumidwa. Matendawo atamugwira, mnyamata yemwe ankamukonda anamuwombera yekha. Zotere kwathu kuno zimachitikadi. Pafupifupi anthu onse odwala chiwewe amachitenga kwa agalu, ambiri mwa iwo ndi ana, ndipo zizindikiro zikangoonekera, wodwalayo sachira.

Nanga ife timamubwezera chiyani?

Galu wa kumudzi amachezera kulondera khola la mbuzi, amapita nawo ku uzimba, amauwa mbala isanafike pakhonde. Malipiro ake ndi mkute, mwinanso mwala. Mafilimuwa amatamanda kukhulupirika kwa galu, komanso amamufunsa munthu za udindo wake.

Udindowo ndi wotheka. Agalu 70 mwa 100 alionse akabayidwa katemera, chiwewe chimaleka kufalikira m'dera, ndipo bungwe la Mission Rabies lakhala likugwira ntchito imeneyi ku Blantyre kuyambira mu 2015. Galu akaluma munthu, tsukani balalo ndi sopo ndi madzi kwa mphindi 15, kenako thamangirani kuchipatala tsiku lomwelo. Alangizi a ziweto akalengeza za katemera, mangani galu wanu chingwe mupite naye. Mukatero mwateteza galuyo, ana anu ndi ana a mudzi wonse.