Mmisiri wa VFX: wopanga zimene kamera sinajambule

Chombo cha m'mlengalenga chikamatera m'filimu ya pa TV, kamera imakhala itajambula zochepa chabe: wosewera, pamene waponda, ndi nsalu yobiriwira kumbuyo kwake. Chombocho, fumbi ndi thambo lachilendolo amaziwonjezera pambuyo pake mmisiri wa VFX. Luso limeneli linayamba kompyuta isanalowerere. Mu Star Trek ya 1966, kunyezimira kooneka munthu akamazimiririka kunali tizidutswa tonyezimira towalitsidwa ndi nyali. Pofika 1993, zombo za mu Babylon 5 zinkapangidwa pa makompyuta a Amiga.

Ambiri amaganiza kuti makina amachita okha zonse, koma ntchitoyi ndi yamanja ndithu. Sekondi imodzi ya filimu imakhala ndi zithunzi 24 kapena 25. Woyamba kumene amapatsidwa roto, kudula m'mbali mwa wosewera chithunzi ndi chithunzi, ndipo tsitsi louluzika ndi mphepo limatha kumudyera tsiku lathunthu. Wina amatsata kayendedwe ka kamera kuti chinthu chopangacho chisaterereke pamalo pake. Ena amaumba chombocho, kuchipaka utoto ndi kuchiunikira. Womaliza, wa compositing, amalumikiza zonse mpaka msoko usaoneke, ngati telala waluso.

Chimene chimasiyanitsa katswiri ndi wophunzira ndi diso. Apa mwana wa ku Nakatindi ali ndi mwayi, chifukwa mathithi a Mosi-oa-Tunya ali pafupi. Madzi ndi nkhungu n'zina mwa zovuta kwambiri kupanga pa kompyuta. Amene waonetsetsa nkhungu ya pamathithi mu Epulo, mmene imakwerera, mmene imafufutira mtundu wa mitengo ya kutsidya, ndi mmene utawaleza umasunthira munthu akasuntha, wadziwa kale zimene ena amazifufuza m'mabuku. Woonera sadziwa masamu a kuwala, koma mthunzi ukagwera mbali yolakwika amazindikira nthawi yomweyo kuti apa pali bodza.

Msika nawo wayandikira. Mu Julaye 2023 Netflix inatulutsa Supa Team 4, nkhani ya atsikana anayi mu Lusaka wam'tsogolo, yomwe anaiyambitsa Malenga Mulendema wa ku Zambia mogwirizana ndi Triggerfish ya ku Cape Town ndi CAKE ya ku London. Imeneyi ndi katuni, koma kuumba, kuunikira ndi kulumikiza zithunzi n'kofanana ndi kwa VFX. Nkhani ndi ya kwathu, pamene makampani opanga ndi akunja, ndipo mpata umenewu ndi woyenera kuti achinyamata a kuno aulowe.

Polemba ntchito, ma studio amayang'ana kwambiri showreel, kanema wa mphindi imodzi kapena ziwiri woonetsa zimene munthu wapanga yekha. Pulogalamu ya Blender ndi yaulere, ndipo foni ikhoza kujambula zoyeserera. Chopinga chachikulu ndi magetsi. Render, pamene kompyuta imawerengera kuwala kwa chithunzi chilichonse, imatenga maola ambiri, ndipo chilala cha 2024 chitachepetsa madzi ku Kariba, magetsi ankazima nthawi yaitali tsiku lililonse. N'chifukwa chake wodziwa ntchito amasunga render yake ngati zithunzi chimodzichimodzi, osati kanema mmodzi, kuti magetsi akabwera apitirize pamene kompyuta inalekezera.