Mperekezi wa mkwatibwi apereke mphatso ya ndalama zingati?

Mnzanu akakuuzani kuti "udzandiperekeze pa ukwati wanga", chimayamba kubwera ndi chimwemwe. Masamu amabwera pambuyo, mutalowetsedwa kale m'gulu la pa WhatsApp, telala atanena kale tsiku lodzayeza. Za mphatso zimakumbukiridwa sabata yomaliza, m'thumba mutapepuka, ndipo apa m'pamene atsikana ambiri amachita zinthu mopupuluma. Maganizo anga ndi akuti mphatso ya mperekezi isamaganiziridwe payokha. Ichokere mu ndalama imodzi imene mwaikira ukwati wonsewo, ndipo ikhale yotsala mukachotsa zina zonse.

Werengani zimene zatuluka kale

Mlendo wamba amabwera Loweruka masana, n'kudya, n'kuvina, n'kufupa, n'kumapita. Mperekezi amakhala atayamba kulipira miyezi ingapo m'mbuyomo. Pali nsalu ya diresi ndi ya telala. Pali nsapato zimene ziyenera kufanana ndi za anzake, ngakhale kunyumba kuli zina zabwinobwino. Pali tsitsi, zikhadabo ndi zodzola za kumaso. Ngati pali chitenje cha chinkhoswe, nachonso chigulidwe n'kusokedwa.

Chimene chimaiwalika kawirikawiri ndi thiransipoti yopita kokaphunzira masitepe. Minibasi kapena kabaza wa madzulo, kawiri kapena katatu pa sabata kwa mwezi wathunthu, amadya ndalama yambiri mwakachetechete chifukwa imatuluka pang'onopang'ono. Wokhala ku Area 25 masitepe akuchitikira ku Kawale amadziwa zimene ndikunena. Onjezaniponso tsiku lopempha kuntchito, kapena tsiku limene geni yaima.

Lembani zonsezi pa pepala musanaganize za mphatso. Pepalalo lidzakuonetsani kuti mwapereka kale zambiri, ndipo manyazi amene amakuvutitsani adzachepa.

Kwathu kuno mphatso siperekedwa kamodzi

Ukwati umodzi umatha kukhala ndi miyambo itatu kapena inayi: chinkhoswe, bridal shower, nthawi zina send-off, kenako tsiku lenilenilo. Paliponse pali perekani-perekani, ndipo paliponse mperekezi ali kutsogolo, aliyense akumuona.

Taonani mmene zimakhalira mu holo. MC aitana makolo a kuchimuna, kenako a kuchikazi, kenako ankhoswe. Aitana anzake a mkwatibwi a kuntchito, a kumpingo, amene anaphunzira naye sukulu. Aitana a Maule ndi a Manoma kuti apikisane. Mtsikana mmodzi yemweyo akhoza kupezeka m'magulu anayi mwa amenewa, ndipo nyimbo ikalira sangakhale pansi atavala yunifomu ya aperekezi. Keke ikayamba kugulitsidwa, maso amamuyang'ananso. Pomafika 5 koloko, kachikwama kamene kanali ndi ndalama m'mawa kali ndi mpango wokha.

Ndalama imeneyi ndi mphatso. Imawerengedwa pa tebulo la makashiya n'kupita kwa eni ukwati, mwina kukabweza ngongole ya holo ndi ya zokongoletsa. Choncho musaiyese yongosangalalira. Ikonzeni pasadakhale. Sinthani K5,000 kukhala ma K200 ndi ma K500 musanapite, muigawe m'timitolo malinga ndi maulendo amene mukuganiza kuti mudzadzuka, ndipo yobwererera kunyumba ikhale kwina kumene dzanja silifikako nyimbo ikakoma. Poponya, ponyani m'lichero kapena m'mbale imene yaikidwa. A Reserve Bank akhala akudandaula za ndalama zopondedwa pa maukwati, ndipo akunena zoona, chifukwa zong'ambikazo zimasindikizidwanso ndi ndalama za tonsefe.

Nanga chiwerengero chake?

Palibe mtengo umodzi woyenera aliyense, ndipo wokuuzani kuti "pa ukwati wanga anthu ankapereka zakuti" afunsidwe kuti chinali chaka chanji. Kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022, ndipo inatsitsidwanso ndi 44 peresenti mu November 2023. K20,000 ya mu 2021 ndi K20,000 ya lero sizigula mapoto ofanana.

Njira imene ndimaikhulupirira ndi iyi. Dzifunseni kuti ukwati wonsewu ungakudyereni zingati popanda kukhudza lendi, chakudya, fizi ya m'bale wanu ndi zimene mumatumiza kumudzi. Tiyerekeze kuti mwasunga kwa miyezi inayi ndipo yankho ndi K200,000. Diresi, nsapato ndi tsitsi zatenga K130,000. Maulendo atenga K25,000. Mwapatula K25,000 ya perekani-perekani wa miyambo yonse. Yatsala K20,000. Mphatso yanu ndi imeneyo, ndipo ndi yokwanira. Ikatsala K5,000, ndi imeneyonso. Ngati mkwatibwi anakugulirani yekha nsalu kapena anakulipirirani saluni, yotsalayo idzakhala yambiri, ndipo n'chanzeru kuionjezera ku mphatso m'malo moibweza m'thumba.

Ngati munapereka kale chinthu chooneka pa bridal shower, simukukakamizidwa kubweretsanso katoni ina tsiku la ukwati.

Ubale umasintha zinthu, koma pang'ono

Kuperekeza achemwali anu a bere limodzi n'kosiyana ndi kuperekeza mnzanu wa kuofesi amene anasowa munthu wachisanu ndi chimodzi woti mzere ukwanire. Kwa m'bale, mwina mwasonkha kale ku komiti ya banja, mwasenda mbatata usiku wonse, mwagoneka alendo ochokera kumudzi. Zimenezo zilowe m'masamu. Kwa mnzanu wapamtima amene anakuimirirani pa maliro kapena pa matenda, mtima udzafuna kupitirira malire, ndipo kupitirira pang'ono sikulakwa. Akuluakulu amati kupatsa n'kuika. Koma mawuwa asasanduke kaundula wa ngongole, woti iye anandipatsa zakuti ndiye ndibweze zomwezo. Iye anapatsa malinga ndi thumba lake la nthawi imeneyo.

Kusonkherana

Aperekezi asanu ndi mmodzi aliyense atagula payekha, mkwatibwi amapezeka ndi mafulasiki atatu ndi matambula osawerengeka. Akaphatikiza ndalama, amagula chinthu chimodzi chimene banja latsopano lidzagwiritse ntchito zaka zambiri: mapoto olimba, bulangeti labwino, mbaula ya gasi ndi silinda yake. Ndi kuthimathima kwa magetsi, chomalizachi sichikhala m'katoni.

Vuto la kusonkherana limabwera pamene wolandira malipiro aakulu ndi amene watchula mtengo. Akalemba pagulu kuti "aliyense K40,000 pofika Lachisanu", mwana wasukulu amene ali pagulupo amangoti zii, kenako n'kukakongola. Ndi bwino mmodzi wokhulupirika azilandira pa Airtel Money kapena Mpamba, aliyense atumize zimene angathe mwamseri, ndipo pa khadi palembedwe maina onse popanda manambala. Mphatso isankhidwe ndalama zitasonkhanitsidwa kale. Ndipo wina afunse mkwatibwi, kapena mchemwali wake, chimene chikusowa m'nyumbamo.

Ngongole ayi

Apa sindinyengerera. Musapite kwa wa katapila chifukwa cha mphatso ya ukwati, ndipo musatenge ku banki m'khonde ndalama imene munati ndi mpamba wa geni. Ukwati umatha 6 koloko madzulo, chiwongoladzanja chimatsala chikukula mwezi ndi mwezi. Nthawi yachilimwe maukwati amachulukana, moti mtsikana mmodzi amatha kuperekeza awiri kapena atatu mvula isanagwe. Wokongola pa woyamba amafika pa wachitatu atamira. Ngati muli m'chipereganyu, pemphani anzanu kuti mudzalandire mwezi wa ukwatiwo. Imeneyo ndi ndalama yanu yomwe.

Muuzeni mkwatibwi msanga

Chovuta kwambiri pa nkhani yonseyi ndi kutsegula pakamwa. Ambiri amavomera chilichonse pagulu, n'kumadandaula kumbali, ndipo ubwenzi umayamba kuzirala ukwati usanachitike. Muimbireni nokha, osati pa gulu, nsalu isanagulidwe. Mawu ake safuna kukometsera: "Mnzanga, ndikufunitsitsa kudzakuperekeza, koma thumba langa lafika apa. Diresi ndikwanitsa. Tsitsi ndikamangitsa kwa amene amandimanga nthawi zonse. Mphatso yako ndidzabweretsa mukakhazikika."

Mphatso yobwera pakatha mwezi umodzi kapena iwiri imafika pa nthawi yabwino, alendo atabalalika, ndalama za perekani zitapita ku ngongole, banja litayamba kuona zimene likusowadi. Thumba la mpunga wa Kilombero kapena makatani a chipinda chimene chinaiwalika amalandiridwa ndi manja awiri.

Ndipo inu akwatibwi, mukamasankha nsalu, nsapato ndi saluni, muzifunsa kaye kuti mwa aperekezi anu wopeza zochepa kwambiri ndani, ndipo mitengo iyambire pa iyeyo. Mukaona kuti mwawalipiritsa zambiri, lembani nokha pa gulu kuti simukuyembekezeranso mphatso ina kwa iwo, chifukwa paokha sangayerekeze kukufunsani.