MALO AKALE A DZIKO LATHU: Zimene Mishoni ya Domasi Isunga ndi Zimene Ibisa

Munthu wochoka ku Zomba kulowera ku Liwonde akamva dzina lakuti Domasi, maganizo ake amathamangira ku koleji ya aphunzitsi, ku Malawi Institute of Education, kapenanso kundende. Ambiri sadziwa kuti Domasi woyamba sali m'mphepete mwa msewu wa tala ayi. Ali m'kati, kumtunda kwa chigwa chimene chili pakati pa phiri la Zomba ndi la Malosa, kumene mtsinje wa Domasi uyambira ulendo wake wa ku nyanja ya Chilwa. Kumeneko ndiko kuli mishoni, imene lero ili m'manja mwa Sinodi ya Blantyre ya mpingo wa CCAP.

Mbiri imene ana asukulu amauzidwa ndi yaifupi ndipo ndi yoona. Mpingo wa Church of Scotland udakhazika mishoni yake ku Blantyre m'chaka cha 1876. Mbusa wachinyamata, Alexander Hetherwick, adafika m'dziko muno mu 1883, ndipo chaka chotsatira adatsegula Domasi m'dera la mfumu ya Ayao, Malemia. Adakhala kumeneko kufikira 1898 pamene adakalowa m'malo mwa David Clement Scott ku Blantyre.

Koma tafunsani mwana wa m'chigwamo kuti mishoniyi idayamba kulalika m'chinenero chanji. Adzayankha kuti Chichewa, poti ndicho amaphunzira m'kalasi. Chikhalirecho Domasi adayamba ndi Chiyao. Kuno ndiko Hetherwick adaphunzira chinenerocho mpaka kulemba buku la malamulo ake limene lidasindikizidwa mu 1889, natembenuzanso Chipangano Chatsopano m'Chiyao. Ntchito yake ya Chinyanja, ndi mbali imene adatengapo pa Buku Lopatulika la 1922, zidadza pambuyo. Tsono mzungu wochokera ku Scotland sakadatola mawu zikwizikwi payekha. Padali amuna ndi akazi amene adakhala naye pakhonde, namuwongola lilime, namuuza kuti mawu awa ndi a pabwalo la milandu, awa ndi a kumunda. Pa chikuto cha buku pali dzina limodzi lokha.

Chinthu china chimene njerwa za mishoni sizinena ndi mantha a masiku amenewo. Ayao eni ake adali asanakhalitse m'chigwamo, pakuti adafika cha m'ma 1860 kuchokera kumpoto chakum'mawa, napeza Anyanja, ndipo malonda a minyanga ndi akapolo adali m'kati. Chaka chomwe mishoni idatsegulidwa, Angoni a Chikusi adawoloka Shire nathira nkhondo midzi ya kumapiri kuno, anthu nathawira pamwamba pa mapiri. Ngakhale Boma la Angerezi lidakhazikika ku Zomba mu 1891, mtendere sudabwere tsiku lomwelo. Kumayambiriro kwa 1895 mfumu Kawinga wa kuphiri la Chikala adaukira anthu a Malemia, mishoni nayo idali pangozi, ndipo asilikali a Boma adambweza nakalanda linga lake. M'mabuku a atsamunda nkhaniyi imalembedwa ngati ya Boma kugonjetsa wogulitsa akapolo. Sitikana kuti Kawinga adali m'malondawo. Koma idalinso nkhani ya mafumu awiri a Chiyao olimbirana anthu ndi mphamvu, mmodzi wa iwo ataona kuti kukhala pafupi ndi azungu kungamtchinjirize.

Apa mpamene tiyenera kufunsa ngati kulandira mishoni kudali kulandira Chikhristu. Woyenda m'midzi ya kwa Malemia adzaona yekha kuchuluka kwa mizikiti. Zaka zomwezo zimene belu la Domasi lidali kuitana ana kusukulu, Chisilamu chidali kuzika mizu pakati pa Ayao, ndipo makolo ambiri adakaniza ana awo sukulu poopa kuti akasiya chipembedzo chawo. Malipoti a mishoni amawerenga obatizidwa ndi ana a m'kaundula. Za iwo amene adatsalira kunja kwa mpanda, ndi mmene kutsalirako kudachedwetsera mabanja awo pa maphunziro kwa mibadwo ingapo, amanena pang'ono.

Nanga dzina la Domasi lidatsikira bwanji kumsewu? Mu 1929 Boma lidatsegula Jeanes Training Centre kumunsi kwa chigwa, mothandizidwa ndi ndalama za Carnegie Corporation, ndipo mkulu wake woyamba adali mmishonale wa Church of Scotland, E. D. Bowman. Dzinalo ndi la Anna Jeanes wa ku Philadelphia, mayi amene adapereka chuma chake kuti chitukule sukulu za kumidzi za anthu akuda ku America. Aphunzitsi ankabwera ndi akazi awo. Amuna ankaphunzira kuyendera sukulu za m'midzi, ulimi ndi ukhondo, akazi naphunzira kalereredwe ka ana ndi kasamalidwe ka pakhomo, ndipo pambuyo pake mafumu nawo adayamba kuitanidwa. Zambiri mwa izi zidali zothandiza, palibe angatsutse. Komabe aphunzitsi anzathu azikumbukira kuti maganizo ake adali akuti mwana wa Mwafirika amkwanira maphunziro a kumudzi. Sukulu ya sekondale yoyamba m'dziko muno idadikira mpaka 1940, ku Blantyre. Kuderali ndiko kudadzakhala Malawi Institute of Education, imene idayamba ntchito mu 1982 ndipo imakonza masilabasi a sukulu zathu, kenaka Domasi College of Education mu 1993.

Wofuna kulondola mbiri ya mishoniyi adzayamba ndi nyumba yosungira zolemba zakale ya National Archives ku Zomba, ndi magazini ya amishoni a ku Blantyre yotchedwa Life and Work, imene idayamba kutuluka mu 1888. Adziwiretu kuti moto udatentha maofesi a Boma ku Zomba mu 1919 nupsereza makalata ambiri a zaka zoyambirira, kotero kuti pa zambiri za nthawi imeneyo zolemba za amishoni ndi mboni yofunika kwambiri. Mawu a Anyanja, a anthu a Malemia ndi a Kawinga ali m'mitu ya nkhalamba za m'midzi yozungulira tchalitchi, ndipo mphunzitsi wa mbiri amene ali ndi kope ndi pensulo angathe kukawafunsa Loweruka lililonse.