MASAMU A GALASI: MAKOLO ANGATHE KUTHANDIZA ANA AO

Munthu akaima m'mphepete mwa dziwe madzi ali bata, amaona mtengo wa patsidya utazondoka m'madzimo. Nthambi imene iri patali ndi madzi imaonekanso patali pansi pa madzi. Ana a ku sekondale amaphunzira cinthu comweci m'masamu, ndipo ambiri amataya nazo mamalikisi pa mayeso cifukwa coganiza kuti ndi nzeru yacilendo.

Phunziroli limacitika pa pepala la timabokosi pamene pajambulidwa mizere iwiri yopingasana. Mzere wogona umachedwa x, woimirira umachedwa y. Malo ali onse papepalapo ali ndi manambala awiri. Mwacitsanzo, (3, 2) atanthauza timabokosi 3 kupita kumanja kucokera pamphambano ya mizereyo, ndi timabokosi 2 kukwera m'mwamba. Njira imeneyi inachuka ndi buku la René Descartes wa ku France, limene linatuluka m'caka ca 1637.

Mwana akauzidwa kuti mzere wa x ndiwo galasi, nambala yoyamba siisintha, koma yaciwiri imasintha cizindikiro: (3, 2) akhala (3, -2). Galasi likakhala mzere wa y, yosintha ndi nambala yoyamba: (3, 2) akhala (-3, 2). Malo amene ali pamzere wa galasi penipeni sasuntha konse.

Cithunzi cathunthu cimatembenuzidwa ngodya imodziimodzi. Ca ngodya zitatu pa (1, 1), (4, 1) ndi (1, 3) cikaonekera pa mzere wa y cimafika pa (-1, 1), (-4, 1) ndi (-1, 3). Kukula kwake sikusintha, koma cimene cinaloza kumanja tsopano ciloza kumanzere. Apa ndi pamene ana ambiri amaphonya: amangosendeza cithunzico kutsidya la mzere osacitembenuza. Kutembenuka kotere ndiko cifukwa cake pamphumi pa maambulansi ambiri dzina limalembedwa cobwerera, kuti dalaivala wa kutsogolo aliwerenge bwino pagalasi lake.

Kholo limene silinapite patali ndi sukulu lingathe kuona ngati mwana wakhoza. Pepala lipindidwe motsata mzere wa galasi, ndipo ngodya iri yonse ibooledwe ndi singano kapena munga. Polifunyulula, timabowo ta tsidya lina tiyenera kugwera pa ngodya zimene mwana wajambula. Tikalambalala, ayambirenso kuwerenga timabokosi.

Nzeruyi iri kale m'midzi. Telala amapinda nsalu pakati asanadule malaya kuti mbali ziwiri zilingane, ndipo woluka mphasa kapena licero amabwereza maluwa a mbali ino ku mbali inayo. Cimene sukulu yaonjezapo ndi manambala. Motero mwana akabwera ndi nchito yotere madzulo, makolo asamubweze ndi mau akuti za sukulu sazidziwa. Singano ndi kuwala kwa nyali n'zokwanira.