Ndege Zazikulu Zosanja: Chifukwa Ninji Analeka Kuzipanga?

M'mwezi wa December 2021 kampani ya Airbus ya ku Ulaya inapereka ndege yake yotsiriza ya mtundu wa A380 kwa kampani ya Emirates ya ku Dubai. Mu January 2023 nayonso kampani ya Boeing ya ku America inapereka ndege yotsiriza ya mtundu wa 747. Motero ndege zazikulu kopambana, zimene zinyamula anthu pansi ndi pamwamba monga nyumba yosanja, sizipangidwanso. Kodi nchifukwa ninji chinthu chotamandika chotere chinalekedwa anthu aulendo akuchikondabe?

Chiyambi Chake

Nkhaniyi inayamba m'chaka cha 1966 pamene Bwana Juan Trippe, mkulu wa kampani ya Pan American, anaitanitsa ndege 25 kwa a Boeing. Maganizo ake anali akuti ndege imodzi ikanyamula anthu ochuruka kuposa kawiri, mtengo wa tikiti udzatsika ndipo anthu wamba adzayamba kukwera. Ndege ya 747 inauluka koyamba mu 1969, ndipo mu January 1970 inayamba kunyamula anthu kuchokera ku New York kunka ku London. Chipinda chake chapamwamba chinali chachifupi, chooneka ngati linunda la ng'ombe, pakuti oyendetsa anawakhazika pamwambapo kuti mphuno ya ndege izitseguka polonga katundu. Malonda ake anayenda bwino ndithu, kotero kuti zonse zinakwana 1,574.

A Airbus anafuna kupambana pamenepo. Ndege yawo ya A380, imene inauluka koyamba ku Toulouse, m'dziko la France, pa 27 April 2005, iri ndi zipinda ziwiri zathunthu kuyambira kumutu kufikira kumchira. Mapiko ake atambalala pafupifupi mamita 80. Lamulo liilola kunyamula anthu 853, ngakhale makampani ambiri anaikamo mipando pafupifupi 500. Kampani ya Singapore Airlines ndiyo inayamba kuigwiritsa nchito mu October 2007.

Maganizo Awiri Osiyana

A Airbus anaona kuti mabwalo akuluakulu a ndege, monga la Heathrow ku London, adzaza ndipo nthawi yotererapo ndi yosowa. Choncho anati nzeru ndiyo kusonkhanitsa anthu pa bwalo limodzi lalikulu ndi kuwatenga onse pa ulendo umodzi. A Boeing anaganiza zina. Iwo anati munthu safuna kutsika ndi kudikira panjira, koma kupita molunjika kumene alinga. Potero anapanga ndege yocheperapo ya injini ziwiri, ya 787, imene inayamba nchito mu 2011.

Chimene chinaweruza mlanduwu ndi mafuta. Kale ndege za injini ziwiri sizinkaloledwa kutalikirana ndi bwalo lotererapo kupitirira ola limodzi, chifukwa chake zowoloka nyanja zazikulu zinkakhala za injini zitatu kapena zinai. Kuyambira 1985 lamulolo linapepuzidwa popeza injini zinakhala zodalirika. Tsono ndege ya A380, yokhala ndi injini zinai, imwa mafuta ambiri ndiponso ilira ndalama zambiri poikonza. Ikadzaza ipindulitsa, koma mipando zana ikapita yopanda anthu mwini wake aluza kwakukulu. Mabwalo ambirinso anayenera kukulitsa misewu yake ndi kumanga milatho yokwerera asanailandire. Akuluakulu anati mutu ukakula sulewa nkhonya. Palibe kampani ya ndege ya ku United States kapena ya mu Africa imene inaigula, ndipo mu February 2019 a Airbus analengeza kuti adzaleka kuipanga. Zonse zinangokwana 251.

Kumene Yapindula

Sikuti ndegeyi inalephera ponseponse ai. Mwa ndege 251 zija, 123 zinapita ku kampani imodzi ya Emirates. Mzinda wa Dubai uli pa mphambano ya Ulaya, Asia ndi Africa, ndipo anthu ochokera m'maiko ambiri asinthira ndege kumeneko, kotero kuti kudzaza mipando 500 sikubvuta. Pamene mliri wa Covid unaimitsa maulendo mu 2020, kampani ya Air France inatayiratu ndege zake zonse za mtunduwu. Koma a Lufthansa a ku Germany, amene anangoziimika, anayamba kuzibwezera pa nchito mu 2023, chifukwa aulendo anachuruka msanga pamene ndege zatsopano zimene anaitanitsa zinachedwa kufika.

Pali phunziro pano kwa onse amene akonza mapulani ndi kusunga chuma cha anthu. Akatswiri a ku Toulouse sanalakwitse kamangidwe, pakuti ndegeyo iuluka bwino ndipo okwera aiyamikira chifukwa cha bata lake. Chimene chinaphonyeka ndicho kuwerengera njira imene anthu adzafuna kuyendamo patapita zaka makumi awiri. Asanafunse kuti chinthu chidzakula bwanji, wanzeru ayamba wafunsa kuti adzachidzaza ndani tsiku ndi tsiku.