Voti idachedwa kufika ku Chileka

Pa 6 July 1958 chinamtindi cha anthu chidadzaza bwalo la ndege la Chileka kudzachingamira Dr Hastings Kamuzu Banda. Nthungululu zidamveka, koma anthu wamba a m'khamulo adalibe voti yosankhira phungu. Aphungu asanu achikuda amene adalowa m'nyumba ya malamulo mu 1956, monga Henry Chipembere ndi Kanyama Chiume, adasankhidwa ndi makhonsolo a m'zigawo. Mlimi wa ku Lirangwe ankangomva kuti kwasankhidwa anthu.

Mu August 1961 chitseko chidatsekuka pang'ono. Padali makaundula awiri, wapamwamba ndi wapansi, ndipo polemba dzina ankayang'ana ndalama zimene munthu amapeza, katundu wake ndi sukulu yake. Nanga mayi wogulitsa thobwa akadaonetsa chiyani? Chipani cha Dr Banda cha MCP chidapeza mipando 22 mwa 28. Mu 1964 munthu aliyense wamkulu adaloledwa kuvota, koma aphungu a chipanichi adadutsa opanda wopikisana nawo, ndipo pofika 1966 dziko lidatsala ndi chipani chimodzi. Ufulu udalipo papepala, chosankha padalibe.

Akuluakulu amakumbukirabe za nyali ndi tambala wakuda. Kalata ya maepiskopi a Chikatolika ya mu March 1992 idatsegula anthu pakamwa, ndipo pa riferendamu ya pa 14 June 1993 nyali, chizindikiro cha matipate, idagonjetsa tambala wakuda, chizindikiro cha chipani chimodzi. Chisankho cha zipani zambiri chidatsatira pa 17 May 1994.

Lero malamulo safunsa za sukulu kapena chuma. Nzika ya zaka 18 imapita ndi chiphaso chaunzika kumalo a kalembera a bungwe loyendetsa zisankho la MEC, kawirikawiri pasukulu yapafupi. Nthawi yoona maina ikakwana, bwereraniko ndithu; dzina likasowa m'kaundula, kudandaula patsiku lovota n'kuchedwa. Mumavotera pamene mudalembetsa, pokhapokha mutasamutsa dzina nthawi yake isanathe. Mapepala amakhala atatu: la pulezidenti, la phungu ndi la khansala. Mumachonga panokha, ngakhale mfumu kapena mwamuna wanu saloledwa kusuzumira, ndipo chala amachipaka inki.

Mavoti amawerengedwa pomwepo, oimira zipani akuona. Poti mu 2019 mapepala ena a zotsatira adafufutidwa ndi tipeksi, khoti lidathetsa chisankho cha pulezidenti pa 3 February 2020, n'kugamula kuti wopambana azipeza mavoti oposa theka.