Kunyoza lamulo la bwalo kunatsekeretsa Zuma m'ndende

Akuluakulu amati mlandu suola. Mawuwa anaoneka zoona zake usiku wa pa 7 Julaye 2021, pamene mtsogoleri wakale wa dziko la South Africa, a Jacob Zuma, anachoka kwawo ku Nkandla ndi kukadzipereka kwa apolisi, amene anakawatsekera kundende ya Estcourt m'chigawo cha KwaZulu-Natal.

A Zuma si mlendo kuno ku Mozambique. Pa nthawi yolimbana ndi boma la tsankho anakhala zaka zambiri ku Maputo ngati mmodzi wa atsogoleri a chipani cha ANC, kufikira 1987. Dziko lawo analilamulira kuyambira 2009 mpaka 2018.

Sanamangidwe chifukwa cha kuba. Komiti yofufuza za katangale m'boma, yotsogoleredwa ndi woweruza Raymond Zondo, inawaitana kuti akayankhe mafunso. Mu Novembala 2020 iwo anatuluka pamsonkhano wa komitiyo popanda chilolezo. Pa 28 Januwale 2021 bwalo lalikulu loona za malamulo oyendetsera dziko linawalamula kuti abwerereko, koma pa 15 Febuluwale mpando wawo unali wopanda munthu. Pa 29 Juni, woweruza Sisi Khampepe anawerenga chigamulo: miyezi 15 m'ndende chifukwa chonyoza bwalo.

Atangomangidwa, ku KwaZulu-Natal ndi ku Gauteng kunabuka zipolowe. Masitolo anathyoledwa ndi kutenthedwa, ndipo anthu oposa 300 anafa. Mabanja a ku Angónia ndi Tsangano amene ali ndi ana ku Joni anagona ndi mtima m'mwamba masiku amenewo.

A Zuma anatuluka mu Seputembala 2021 pa chifukwa cha matenda, koma mabwalo anadzapeza kuti kutulukako kunali kosatsata malamulo. Mu Ogasiti 2023 anabwerera ku Estcourt, n'kumasulidwa tsiku lomwelo pamene boma linachepetsa zilango za akaidi ambiri. Komabe chipsera chinatsala: mu Meyi 2024 bwalo lomwe lija linawaletsa kupikisana nawo pa mpando wa kunyumba ya malamulo, popeza chilango chawo chinapitirira miyezi 12.

Kuno kwathu Konstituwisau imanena kuti chigamulo cha tribunali chiyenera kumveredwa ndi aliyense, ndipo chimaposa mawu a akuluakulu ena onse. Kukana lamulo loyenera ndi mlandu paokha, umene pa Chipwitikizi umatchedwa desobediência. Choncho munthu amene wauzidwa kuchoka m'munda wa mnzake, kubweza ng'ombe kapena kupereka ndalama zolerera ana, akakhala chete angathe kudziwonjezera mlandu wachiwiri pamwamba pa woyamba.

Amene sanakhutire ndi chigamulo ali ndi njira: kuchita apilo kubwalo lapamwamba masiku oikidwa asanathe. Wa ku Ulónguè nkhani yake ingathe kukamvedwanso ku Tete. Koma kubisa kalata ya tribunali pansi pa mphasa sikufafaniza mlandu.